Mphamvu ndi Imfa ya Junior Seau

Ku America kuli mpira umene osewera ake amanyamula m'manja, atavala zisoti zolimba. Pa mpira umenewu, linebacker amaima kumbuyo kwa mzere woteteza, ndipo ntchito yake ndi kugwetsa mdani wothamanga ndi mpira, kawirikawiri mochita kuombana mitu.

Junior Seau, mwana wa makolo ochokera ku American Samoa, anagwira ntchitoyi zaka 20, kuyambira mu 1990 ku San Diego Chargers, kumene anakhalako zaka 13. Anthu ankasilira mphamvu zake, koma zowonongeka m'mutu sizinkaoneka. Mu 2012, ali ndi zaka 43, anadziwombera pachifuwa. Madokotala atapima ubongo wake anapezamo CTE, nthenda imene imapezeka mwa anthu omenyetsa mutu kwa zaka zambiri.