Mwini Mbumba ndi Munda wa Fodya

Aliyense amene anakhalako pabwalo la milandu m'midzi ya kwa Mwase kapena kwa Lukwa, m'boma la Kasungu, adziŵa kuti mlandu wa ukwati suyamba ankhoswe asanafike. Mwana akapalamula, amfumu amatuma mthenga kwa mtsibweni wake, mlongo wa mai ake, pakuti ndiye mwini mbumba. Kwa Mcheŵa zimenezi n'zosadabwitsa konse. Komatu zinazunguza mitu anthu ophunzira kwa zaka pafupifupi zana.

M'chaka cha 1871, Lewis Henry Morgan wa ku America anasindikiza buku lalikulu lofotokoza m'mene mitundu ya anthu imatchulirana pachibale. Iye anaona kuti mtundu wa Iroquois umaŵerenga fuko potsata mai, ndiponso kuti mwana amatchula mng'ono wa mai ake kuti mai, monga momwe achitira mwana wa ku Kasungu. Tsono Morgan anaganiza kuti mwambo wotere ndi chotsalira cha makedzana, ndi kuti mitundu yonse ikamatukuka imaleka kutsata mai n'kuyamba kutsata bambo. Apa ndiye anaphonya, ndipo akatswiri a pambuyo pake anakana maganizo ameneŵa.

Audrey Richards, amene anakhala pakati pa Abemba, anayandikirako pang'ono. M'chaka cha 1950 analemba kuti chibale chotere chili ngati mwambi wovuta kumasula. Nanga mwamuna angalamulire bwanji ana a mlongo wake iye ali pachikamwini kumudzi wina, komwe ana ake omwe sawalamulira? Max Marwick, amene anafufuza Acheŵa a kum'maŵa kwa Zambia, anaonetsa m'buku lake la 1965 kuti kunenezana za ufiti kunkachuluka pakati pa anthu a fuko limodzi la kuchikazi, makamaka pa nkhani za chuma ndi ufumu. Zoona zinalimo. Koma mwambiwo unkavuta kwambiri alendowo chifukwa anabwera ataganiziratu kuti mutu wa banja ayenera kukhala bambo.

Eni ake nawonso sanakhale chete. Samuel Ntara analemba Mbiri ya Acheŵa m'zaka za m'ma 1940, ndipo m'chaka cha 1946 kunatuluka buku la Our African Way of Life, la John Kambalame, E. P. Chidzalo ndi J. W. M. Chadangalara. Analimasulira m'Chingerezi ndi Cullen Young pamodzi ndi Hastings Banda, mwana wa ku Kasungu amene panthaŵiyo anali dotolo ku Mangalande. M'mau oyamba a bukuli anafotokoza za nkhoswe ndi mbumba yake. Pajatu ndi mau omweŵa amene mkuluyu anadzaloŵa nawo m'ndale atakhala mtsogoleri wa dziko, podzitcha nkhoswe ya amai onse a m'Malaŵi.

Amene anafika pagwero ndi Kings Phiri, katswiri wa mbiri yakale wa pa Chancellor College. M'chaka cha 1983 anasonyeza kuti mwambo wa Acheŵa sunaime malo amodzi. Malonda a akapolo, kubwera kwa Angoni, chiphunzitso cha amishoni, ulendo wa kumigodi ndi mbeu zogulitsa, zonsezi zinawonjezera mphamvu za bambo, ndipo chitengwa chinayamba kufala.

Ku Kasungu mbeu imeneyo ndi fodya. Bungwe la Kasungu Flue-Cured Tobacco Authority litakhazikitsidwa, ndipo maesiteti atachuluka m'zaka za m'ma 1970 ndi 1980, nthaka inayamba kuloŵa m'mapepala. Munda wa makolo ndi wa bele lonse, ndipo suŵerengedwa kuti ndi wa uje. Koma pepala la lizi limafuna dzina la munthu. Akale anati mkamwini ndi mlamba, sachedwa kuterereka. Mlimi wa fodya sangaterereke choncho. Wagwetsa mitengo, wamanga chigafa, watenga feteleza pangongole, ndipo amene amadzuka naye m'mamaŵa kukathirira nazale ndi mkazi wake ndi ana ake. N'chifukwa chake amuna ambiri amapempha chitengwa msanga, kuti thukuta lawo ligwere kwawo. Kumpoto kwa bomali, kufupi ndi Mzimba, kumene Atumbuka ndi Angoni amalowola, mwana amakhala wa kwa bambo kuyambira kale, ndipo maukwati a pakati pa mitundu iŵiriyi amasautsa ankhoswe koposa.

Vuto limaonekera mlimi akatsikira kuli chete. Kale woloŵa m'malo mwake ankachokera kumbumba, kaŵirikaŵiri mwana wa mlongo wake. Lamulo la chuma cha masiye la 1967 linkagaŵa chumacho pakati pa banja la malemu ndi oloŵa m'malo mwa mwambo, koma la 2011 linaika patsogolo mkazi ndi ana, ndipo linaletsa kulanda chuma cha masiye. Chikhalirecho mai wamasiye amene anapita kuchitengwa amakhalabe pamalo poterera. Chigafa ndi mabelo a fodya lamulo lampatsa, koma nthaka imene chigafacho chaimapo abale a mwamuna amati ndi ya bele lawo. Akabwerera kwawo, amapeza kuti alongo ake anagaŵana minda kalekale, ndipo mtsibweni wa ana akewo nayenso ali kalikiliki kusungira ana ake a iye mwini.