Gertrude Kamkwatira: mayi yemwe sanadikire kupatsidwa gawo

Mawu omwe analankhulidwa pa msonkhano wa atsikana ndi amayi achichepere kwa Mwadzama, m'boma la Nkhotakota.

Lero ndikufuna tikambe za mayi mmodzi wa zisudzo, Gertrude Kamkwatira. Ambiri a ife tinali ana, ena tisanabadwe, pomwe mayiyu ankadzadza maholo. N'chifukwa chake ndikufuna dzina lake lituluke m'kamwa mwathu lero.

Gertrude anatchuka m'gulu la Wakhumbata Ensemble Theatre, lomwe anayambitsa Du Chisiza Jr mu 1987. Du atamwalira mu 1999, Gertrude ndi yemwe anatenga utsogoleri wa gululi. Taganizani, gulu lomwe dziko lonse linkalidziwa ndi dzina la mwamuna mmodzi, mawa lake likuyendetsedwa ndi mkazi. Kenako anachoka n'kuyambitsa gulu lakelake, Wanna-Do Ensemble Theatre. Ankalemba yekha masewero, kuwatsogolera, n'kusewanso. Ena mwa masewero ake ndi It's My Fault, lokamba za nkhanza za m'banja, Jesus' Retrial, ndi Breaking the News, lokamba za Edzi. Anakhalapo pulezidenti wa National Theatre Association of Malawi komanso wapampando wa COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito za aluso. Anamwalira mu 2006 ndi malungo, ali ndi zaka za m'ma 40 basi. Malungo omwewa tikuwadziwa bwino kuno kunyanja.

Chomwe chimandikoka pa moyo wake n'choti sanakhutire ndi kuwomberedwa m'manja. Mtsikana wodziwa kusewa amayamikiridwa, koma nkhani amalemba wina, ndalama za pakhomo amasunga wina, ndipo gawo lomwe amapatsidwa ndi la mkazi wolira kapena wachiwerewere. Gertrude anagwira cholembera, anagwira gulu, anakhala pampando pomwe amakambirana za umwini. Ndipo mbewu yake inamera. Joyce Mhango Chavula anasiya ntchito mu 2009 n'kuyambitsa gulu la Rising Choreos potengera chitsanzo cha Gertrude. Mu 2016 filimu yake ya Lilongwe inapambana mphoto ya filimu yabwino koposa kummwera kwa Africa pa mpikisano wa Africa Magic Viewers' Choice Awards ku Nigeria.

Tsono pali vuto limodzi lomwe sewero la pa siteji lili nalo. Likatha, limatsala m'mitu ya omwe analipo, ndipo iwo akamapita nalo limapita. Tiyerekeze ndi mayi wina wa ku Germany, Henny Porten, yemwe anabadwa mu 1890 n'kumwalira mu 1960. Iye ankasewera m'mafilimu a nthawi yomwe filimu inalibe mawu, nkhani yonse inkanenedwa ndi nkhope ndi manja. Nayenso sanangosewa, anatsegula kampani yakeyake yopanga mafilimu. Chipani cha Nazi chitatenga boma mu 1933, anakana kusiya mwamuna wake, Wilhelm von Kaufmann, yemwe anali wa mtundu wa Chiyuda, ndipo ntchito zinayamba kumusowa. Koma filimu yake ya Anna Boleyn ya mu 1920 mutha kuionera mpaka lero, patatha zaka zoposa 100, chifukwa anthu anaisunga. Mayi wosalankhula uja akumvekabe. Nanga wathu, yemwe ankalankhula mokweza, akumveka kuti?

Funsoli likutikhudza ife tomwe. Kuno kwa Mwadzama timagulu ta zisudzo tilipo, m'masukulu, m'mipingo, m'misonkhano ya zaumoyo. Atsikana ndi omwe amadzadza timaguluti. Nkhani nazo sitisowa: mayi yemwe amadzuka mbandakucha kukadikira usipa padoko, mtengo n'kumuuza mwini bwato, ndipo nthawi zina mtengowo si ndalama ayi. Mtsikana yemwe anasiya sukulu chifukwa cha mimba, mnyamata uja akupitirizabe. Filimu ya The Last Fishing Boat ya Shemu Joyah, ya mu 2012, inaonetsa kuti nkhani ya kunyanja ikhoza kufika patali, ndipo Flora Suya anasankhidwa kupikisana nawo pa mphoto za Africa Movie Academy Awards chifukwa cha gawo lake m'filimuyi. Koma nkhani ya doko lathu, ndani angailembe bwino kuposa mwana wa mayi wogulitsa usipa?

Ndiye asisi, ndikupemphani zinthu zitatu. Choyamba, sewero lililonse lomwe mwapeka lilembeni m'kope, mulembe dzina lanu ndi tsiku. Chachiwiri, lijambuleni pa foni, ngakhale ya kamera yofooka, musunge malo awiri. Chachitatu, bungwe likabwera kudzakupemphani sewero la kampeni, musayambe musanafunse: malipiro ndi angati, ndipo vidiyoyo idzakhala ya ndani? Fanta ndi tisheti si malipiro. COSOMA ilipo, lamulo la umwini wa ntchito za aluso la 2016 liliponso, koma limathandiza munthu yemwe ali ndi umboni woti ntchitoyo ndi yake.

Kwa inu amayi ndi mafumu, mtsikana akati akupita kokonzekera sewero, musamuone ngati wolowerera. Pitani mukaonere, mukhale kutsogolo. Ndipo gulu likamasankha wolemba, wotsogolera ndi msungichuma, asisi, dzanja likwere.