Za Kupatsana Njira pa Mphambano za Miseu



Ambiri a ife tafika kuno pa galimoto, pa basi, pa lole kapena pa njinga, ndipo mwambo ukatha tidzabwerera pa miseu yomweyo. Cotero taona kuti nkoyenera kukumbutsana za funso limodzi limene lasiya ana amasiye m'mabanja ambiri: pamene miseu ikumana, ndani ayenera kupita ndipo ndani ayenera kudikira?

Makolo athu anatiphunzitsa kuti mwana akakumana ndi wamkulu pa njira, amapatuka. Mwambo umenewo ndi wabwino, koma pa mseu wa galimoto lamulo siliyang'ana imvi, udindo kapena kukula kwa galimoto. Liyang'ana kumene munthu acokera ndi cizindikiro cimene cili patsogolo pake. Muno m'Zambia malamulo amenewa ali mu Road Traffic Act ya caka ca 2002, imene inakhazikitsanso bungwe la RTSA, ndipo afotokozedwa m'kabuku ka Highway Code. Abale athu a ku Malawi ndi ku Mozambique sadzavutika kuwamva, pakuti maiko atatu onsewa amayendetsa kumanzere kwa mseu.

Coyamba ndi zikwangwani. Cofiira ca mbali 8 colembedwa STOP citanthauza kuima kotheratu kumbuyo kwa mzere woyera, ngakhale mseu uoneke wopanda kanthu. Kucepetsa liwiro cabe si kuima ai. Cikwangwani ca ngondya zitatu coloza pansi citanthauza kuti mupatse njira amene ali pa mseu umene mufuna kulowamo.

Caciwiri, wocokera m'kamseu ka kumudzi kulowa mu Great East Road, kaya ndi pa Nyimba, pa Sinda kapena pa Katete, ndiye ayenera kudikira. Galimoto yothamanga makilomita 100 pa ola imayenda pafupi-fupi mamita 28 pa sekondi imodzi. Woyendetsa akaona ngolo kapena njinga yatulukira, mtunda wotere umatha phazi lisanafike pa buleki. Nanga lole yodzala ndi matumba a cimanga idzaima kuti? Basi imene muiona patali ili pafupi kuposa mmene maso akuuzirani.

Cacitatu ndi raundabauti, monga za Kabwe ndi Kafue zimene zili kumapeto kwa Cairo Road mu Lusaka. Musanalowe, dikirani galimoto zocokera kudzanja lanu lamanja, zimene zili kale m'kati mozungulira.

Cacinai, amene akhotera kumanja amadula njira ya galimoto zobwera kutsogolo kwake, cotero ayenera kuzidikira zipite. Indiketa ingodziwitsa anzanu cimene mufuna kucita. Siikupatsani cilolezo codutsa.

Cacisanu ndi maroboti. Nyale yofiira ndi yoimitsa. Yacikasu icenjeza kuti yofiira yayandikira, ndipo si nthawi yoonjezera moto. Yobiriwira ikulolani kupita ngati m'mphambano mulibe munthu kapena galimoto. Magetsi akathima, aliyense aime monga pa STOP, ndipo amene anayamba kuima ndiye ayambe kupita. Pakakhala wapolisi wolongosola galimoto, dzanja lake liposa nyale ndi zikwangwani. Ambulansi, galimoto yozima moto ndi ya apolisi zikamaliza sailini, tonse tipatuke. Ndiponso tisaiwale woyenda pansi amene wayamba kale kuwoloka pa mizere yoyera, pakuti iye alibe citsulo comuchinjiriza.

Tsono mfundo yaikulu ndi iyi: lamulo linena amene ayenera kudikira, koma silipatsa munthu aliyense ufulu wogunda mnzake. Ngakhale njira ikhale yanu, mnzanu akalakwa n'kulowa, imani. Mlandu mungathe kupambana ku khoti, koma khoti silidzutsa wakufa, ndipo pa maliro palibe amene amatonthozedwa pomva kuti malemu sanalakwe. Akulu-akulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha. Kudikira pa mphambano sikutha ndi mphindi imodzi yomwe, koma cisoni ca ngozi cimakhala m'banja zaka zambiri.

Inunso okwera, amai ndi abambo, musakhale cete pamene dalaivala adumpha cikwangwani kapena agwira ciwongolero atamwa mowa. Mudzudzuleni mwaulemu koma mosaopa, pakuti moyo umene ali nao m'manja ndi wanu. Inu makolo, anyamata athu oyendetsa njinga zonyamula anthu ndi njinga zamoto muziwalangiza, cifukwa malamulowa ndi aonso.

Tabwera amoyo, ndipo tifuna kuti tonse tikafike amoyo. Muyende bwino, mukapereke moni kwa onse kumudzi.