Hughie Gallacher, Katswiri wa Mpira Wochokera ku Mgodi

Pa 3 September 1930 anthu 68,386 adadzaza bwalo la St James' Park mu mzinda wa Newcastle ku Mangalande, ndipo enanso ambiri adatsalira kunja. Chodabwitsa n'chakuti khamulo lidadzaonera munthu amene tsikulo adavala malaya a alendo, a timu ya Chelsea. Munthuyo ndiye Hughie Gallacher, ndipo kufikira lero bwalolo silidalandirenso anthu ochuluka chotero.

Gallacher adabadwa m'chaka cha 1903 ku Bellshill, m'dziko la Scotland, kufupi ndi mudzi wa Blantyre kumene adabadwira David Livingstone. Monga anyamata ambiri a kumeneko, adayamba ntchito ya mu mgodi wa malasha akali wamng'ono. Mpira ndiwo udamtulutsa pansipo. Adasewera m'timu ya Queen of the South, kenaka ya Airdrieonians imene adapambana nayo chikho cha Scotland mu 1924. Chaka chotsatira a Newcastle adamgula ndi mapaundi 6,500.

Anthu atamuona adakayika, pakuti adali wamfupi, mafiti 5 ndi mainchesi 5 okha. Koma mpira ukafika kumapazi ake, kumlanda kudali kovuta, ndipo ngakhale wa m'mwamba ankaufikira ndi mutu pakati pa amuna ataliatali. Otchinga kumbuyo akalephera kulanda mpira ankaponda mwini wake, kotero kuti nthawi zambiri ankatuluka m'bwalo miyendo ili mabala okhaokha. Iyenso sadali wofatsa ayi. Ankabwezera, ankakangana ndi oimbira, ndipo nthawi ina adamuimitsa kusewera miyezi iwiri.

M'nyengo ya 1926 mpaka 1927, ali mtsogoleri wa timuyo, adamwetsa zigoli 36 m'masewera 38, ndipo Newcastle idatenga ligi yaikulu ya ku Mangalande. Chichokereni chaka chimenecho siidaitengenso. Mu 1928 adali m'gulu la Scotland limene lidagonjetsa Mangalande ndi zigoli 5 kwa chimodzi pa bwalo la Wembley.

Nanga mwini wakeyo adapindulanji? Lamulo la masiku amenewo silinkalola wosewera mpira ku Mangalande kulandira zoposa mapaundi 8 pa mlungu, kaya akhale katswiri wotani. Komanso wosewera sadali ndi mphamvu yochoka kapena kukhala monga afunira. Eni timu ndiwo ankagamula. Choncho mu 1930 a Newcastle adamgulitsa ku Chelsea ndi mapaundi 10,000, iye asakufuna. Ndalama zonsezo zidapita m'thumba la timu. Pofika 1934, mowa, moyo wa ku London ndi mlandu wothetsa ukwati wake woyamba zidammiza m'ngongole zimene adalephera kubweza.

Adaseweranso m'matimu ena angapo, natsiriza mu 1939 ku Gateshead, tsidya lina la mtsinje wa Tyne kuchokera ku Newcastle. Kumeneko adakhazikika, nagwira ntchito wamba kuti adyetse banja. Mkazi wake wachiwiri, amene adamkonda koposa, adamwalira mu 1950, namsiyira ana aamuna atatu. Mu 1957 adakangana ndi mwana wake wamng'ono namvulaza, ndipo adaitanidwa ku bwalo la milandu. Manyazi adamkulira. Pa 11 June, kutatsala tsiku limodzi kuti mlanduwo uzengedwe, Gallacher adadzipha pa njanji pafupi ndi Gateshead, ali ndi zaka 54.