Juzi ya mwana wa zaka 6 ili ndi masitichi pafupifupi 25,000

 Amene mwaima pakhomo apo sunthirani kuno, malo alipo. Tikuona ena mwatulutsa kale singano m'zikwama, ena mwangobwera kudzaonerera. Palibe vuto, khalani pansi.

Lero tikamba za juzi ya mwana wamkazi, ija yotsegula kutsogolo, ya mabatani, imene m'masitolo amailemba kuti cardigan. Juni ali pafupi, ndipo amene munakulira ku Dedza, ku Mzimba kapena muno mu Blantyre masiku a chiperoni mukudziwa mmene mwana wa sitandade 1 amanjenjemerera pa asembule, manja ali kukhwapa. Tasankha yotsegula kutsogolo osati yovalira kumutu pa zifukwa zapafupi. Siphwasula tsitsi limene mwakhalira tsiku lonse mukumumanga. Dzuwa likatuluka cha m'ma 10 koloko mwana amangomasula mabatani, savula n'kuiiwala pansi pa mtengo. Komanso imakula naye: chaka chamawa ikayamba kuthina, amaivalabe osamanga mabatani.

Tiyambe ndi kuulula. Juzi yathu yoyamba, imene tinalukira mwana wa mnzathu chaka chatha, inalephereka. Tinangomuyang'ana mwanayo n'kunena kuti aaa, kamwana aka n'kochepa thupi, masitichi 150 akwana. Tinaluka madzulo aliwonse kwa masabata atatu, magetsi akazima tikuwunikira ndi foni. Tsiku lomuyesa, analowetsa mkono umodzi, winawo movutikira, kenako anatiyang'ana mwaulemu wake n'kuti, "Anti, ikundithina kukhwapa." Mabatani sanakumane n'komwe. Tinamasula yonse. Amene munamasulapo chinthu cha masabata atatu mukudziwa kuti ulusi umabwerera msanga bwanji, mphindi zochepa basi wabwerera pampukutu.

Chinalakwika si nambala ya 150 ayi. Chinalakwika ndi chakuti sitinayeze mwana, komanso sitinayeze dzanja lathu.

Kuyeza mwana n'kosavuta. Tengani tepi ya telala, muyeze malo atatu: kuzungulira chifuwa, kuchokera paphewa kufika m'chiuno, ndi kuchokera kukhwapa kufika pamfundo ya dzanja. Mwana wa zaka 6 chifuwa chake chimakhala cha m'ma 60 cm. Onjezerani 8 cm, chifukwa juziyo aziivala pamwamba pa yunifomu, ndipo mwana sakhala phee, amakweza manja, amathamanga, amasewera fulaye. Ndiye tikufuna juzi ya 68 cm.

Kuyeza dzanja ndiye kumene ambirife timachita nako ulesi. Papepala la ulusi, umene amaulemba kuti double knitting kapena DK, pamalembedwa kuti ndi singano za 4 mm mupeza masitichi 22 ndi mizere 28 pa 10 cm. Koma limenelo ndi dzanja la wina. Ena timakoka ulusi ngati tili ndi mkwiyo, ena timalekerera. Ndiye musanayambe juzi, ikani masitichi 30, lukani kachidutswa kotalika 12 cm, kachapeni, kaume katagona pansi, kenako muwerenge masitichi amene akwana mu 10 cm. Ife dzanja lathu limathina, limapereka 24 osati 22. Kusiyana kwa masitichi awiri okha, eti? Koma pa masitichi 150, juzi imene inayenera kukhala 68 cm inatuluka 62 cm ndi theka. Kukhwapa kwa mwana kuja n'kumeneko. Mukapeza kuti dzanja lanu ndi lothina, tengani singano zokulirapo; likakhala lolekerera, zocheperapo. Kachidutswako kamatenga ola limodzi, ndipo tikukupemphani, musakadumphe.

Zidutswa za juzi ndi zisanu: kumbuyo, mbali ziwiri zakutsogolo, ndi mikono iwiri. Kumbuyo kumatenga theka la masitichi onse, 75, mbali zakutsogolo 37 kapena 38 iliyonse. M'munsi ndi kumapeto kwa mikono mumayamba ndi ribi, sitichi imodzi yakutsogolo, ina yakumbuyo, pa singano zocheperako za 3.25 mm kuti pagwire bwino. Zina zonse ndi mzere wakutsogolo, mzere wakumbuyo, mpaka kutopa. Mikono muiluke motalikirapo pang'ono, azipinda chaka chino n'kudzatambasula chaka chamawa.

Ulusi gulani wonse tsiku limodzi, mipukutu itatu ya magalamu 100, ndipo muonetsetse kuti nambala ya utoto papepala ndi imodzi. Wofiira wa lero ndi wofiira wa mwezi wamawa amasiyana, ndipo kusiyanako kumaonekera padzuwa juzi itatha kale. Ulusi wambiri umene timaupeza m'tauni ndi wa acrylic. Ndi wabwino, umachapika, suyabwa. Koma apa mvetserani bwino amayi: acrylic ndi pulasitiki. Akakhudza moto amasungunuka n'kumamatira pakhungu. Mwana akamawotha pambaula m'mawa, mikono ya juziyo isalendewere pamakala. Simbi yamoto musaiyandikize, ndipo mukachapa muziyanika itagona pamphasa, osati pachingwe, ingatalike n'kukhala ya achemwali ake.

Mtundu mufunseni mwini wake. Ngati ndi ya kusukulu, ndiye kuti sukulu yasankha kale. Koma ngati ndi ya kunyumba kapena kutchalitchi, musangothamangira pinki. Wathu uja titamufunsa anati akufuna yobiriwira "ngati mapeyala", ndipo anawonjeza kuti ikhale ndi matumba. Tinaseka, koma taganizani, madiresi angati a ana aakazi amene ali ndi thumba? Mchimwene wake kabudula ali ndi matumba atatu, iye pensulo ndi ndalama ya chigumu azigwira kumanja. Thumba ndi kachidutswa ka masitichi 20 basi. Ikani awiri.

Za mabatani, mabuku olukira amati zibowo za juzi ya mtsikana zikhale kumanja, za mnyamata kumanzere. Nkhani imene imakambidwa ndi yakuti akazi olemera a ku Ulaya ankavekedwa ndi antchito, ndiye mabatani anaikidwa mokomera wovekayo. Mwana wathu alibe womuveka, amadzimanga yekha mothamanga belu lisanalire. Ikani mbali imene dzanja lake likupeza msanga, ndipo mabatani akhale akuluakulu, asanu akwana.

Tsopano tiwerengere limodzi, chifukwa apa ndi pamene pali nkhani yathu. Thupi la juzi: masitichi 150 kuzungulira, mizere pafupifupi 100 kuchokera m'chiuno kufika paphewa. Ndi 15,000 amenewo. Mkono uliwonse masitichi opitirira pang'ono 50, mizere yoposa 80. Iwiriyo ikuyandikira 9,000. Kuphatikiza khosi, mzere wa mabatani ndi matumba, tafika pa 25,000. Munthu wozolowera, woluka masitichi 20 pa mphindi osapuma, akufunika maola 20 ndi kanthu. Sitinawerengere kusoka zidutswa, kubisa timichira ta ulusi, ndi pamene mwalakwitsa n'kubwerera mizere khumi. Tinene kuti masiku atatu athunthu a ntchito, kwa katswiri. Kwa ife ophunzira, kawiri kake.

Juzi yobiriwira ija itatha, yachiwiriyo, yokwana bwino, mayi wina woyandikana nafe anaiona n'kuti, "Koma ndiye mwaluka! Mundilukireko wanga, ulusi ndigula ndekha." Ananena ndi mtima wabwino. M'maganizo mwawo mtengo wa juzi ndi ulusi, manja ndi aulere. Ndipo ife, zoona zake, tinatsala pang'ono kuvomera, chifukwa tinaleredwa choncho. Koma mayi omwewo sangauze kalipentala kuti matabwa ndagula, ndikhomereni tebulo. Sangauze wowotcherera geti kuti zitsulo ndi zanga.

Ntchitoyi sinayambe ngati ya ulere ayi. Ku Ulaya m'zaka za m'ma 1500 kuluka inali ntchito yolipidwa ya amuna, yokhala ndi mabungwe ake, ndipo mnyamata ankaiphunzira kwa zaka asanaloledwe kutchedwa mmisiri. Mu 1589 William Lee wa ku England anapanga makina olukira masokosi, ndipo pang'onopang'ono ndalama zinatsatira makina, kuluka kwa manja n'kutsalira akazi kunyumba. Ngakhale dzina lakuti cardigan ndi la mwamuna, James Brudenell, Earl of Cardigan, mmodzi wa akuluakulu a asilikali a Britain pa nkhondo ya ku Crimea mu 1854. Dzina linapita kwa wovala. Kuno kwathu amayi athu anaphunzira zoluka kusukulu ndi m'magulu a kutchalitchi, ena anayambira pa masipoko a njinga, ndipo analuka zipewa, masokosi ndi mashawelo a makanda a mudzi wonse. Afunseni ngati anawerengapo maola.

Tisanamizane, ndi kaunjika sitingapikisane naye. Juzi ya pamulu pamsika nthawi zambiri imakhala yotchipa. Amene akufuna yotchipa apite kumeneko, ifenso timapita, palibe manyazi. Yoluka ndi manja ndi ya munthu amene akufuna ya muyezo wa mwana wake, mtundu wake, matumba ake, yoti ikang'ambika pachigongono muimasule pamenepo n'kulukanso. Mukamalukira mwana wanu, wa achemwali anu kapena mwana wamasiye wa pamzere wanu, imeneyo ndi mphatso, perekani ndi manja awiri, koma mudziwe kukula kwa chimene mwaperekacho. Mukamalukira wogula, tengani mtengo wa ulusi ndi mabatani, onjezerani masiku atatu pa ndalama imene inu mungavomere kugwirira ganyu tsiku limodzi, munene mtengowo osatsitsa mawu, ndipo theka alipiriretu.

Mayi aja tinawauza mtengo. Anakhala chete, kenako anaseka n'kuti, "Ndiye bola mundiphunzitse." Ndi awo akhala kutsogolo kuno ndi singano zatsopano, asisi.

Loweruka likubwerali aliyense abwere ndi miyezo itatu ya mwana wake italembedwa papepala, ndi kachidutswa koyesera katachapidwa kale. Amene mulibe singano za 4 mm, tili nazo mapeya angapo obwereka, mulembetse musanatuluke. Tsopano amene mukudziwa kale kuika masitichi, aliyense akhale pambali pa mmodzi amene sadziwa.