Za Chilumba cha Likoma ndi Anthu Odzipatula: Mawu Okambidwa pa Msonkhano wa Pachaka ku Mchesi

 Anyamata athu okonda mabuku anandifunsa za nkhani zozizwitsa za amonke, ndiwo amuna aja osakwatira amene amadzipatula kukakhala kwaokha chifukwa cha kupemphera. Iwo anawerenga za Columba amene anakamanga pa chilumba cha Iona ku Scotland m'chaka cha 563, ndiponso za zilumba za m'nyanja ya Tana ku Ethiopia, kumene ansembe amati Likasa la Chipangano linabisidwako zaka mazana ambiri. Ine ndinawayankha kuti asavutike ndi kuoloka nyanja yamchere, pakuti nkhani yotere tili nayo konkuno.

Chilumba cha Likoma chili kufupi ndi gombe la Mozambique, koma ndi cha dziko lathu, ndipo chachikulu chimene chinachititsa zimenezi ndi mishoni. Azungu a U.M.C.A. atalephera ku Magomero, kumene anafika mu 1861, anabwerera nakakhala ku Zanzibar. Patapita zaka makumi awiri William Percival Johnson anafika kunyanja, ndipo mu 1885 anayamba mishoni pa Likoma. Kunena zoona iwo sanali amonke enieni, komatu makhalidwe awo anali omwewo. Sankakwatira, malipiro enieni analibe, ndipo tsiku lawo linkayamba ndi kutha ndi mapemphero. Anasankha chilumba chifukwa kumtunda kunali nkhondo za Angoni ndi malonda a akapolo, madzi ndiwo anali linga lawo. Johnson anadwala maso mpaka anatsala ndi diso limodzi loona pang'ono, koma anayendabe m'midzi ya m'mbali mwa nyanja kufikira imfa yake ku Liuli mu 1928.

Kachisi wamkulu wa Petro Woyera anayamba kumangidwa mu 1903, napatulidwa mu 1911. Mapulani anajambula ndi Frank George, koma manja amene anasema miyala, kuumba njerwa ndi kupala matabwa anali a anthu athu. Inu amisiri a matabwa a kuno ku Mchesi, mukadzapita kumeneko mudzayang'ane bwino ntchito ya anzanu akale aja. Tsono malo amene kachisiyo waimapo amatchedwa Chipyela, chifukwa ndi pamene ankatenthera anthu oganiziridwa kuti ndi afiti. Ndibwereranso ku mfundo imeneyi.

Anyamata anafuna zozizwitsa, ndiwapatse ziwiri. Choyamba ndi imfa ya Chauncy Maples. Iye anadzozedwa ubishopu ku London mu June 1895, ndipo pa 2 September chaka chomwecho, asanafike n'komwe pa Likoma, bwato lake lotchedwa Sherriff linagubuduzika ndi namondwe. Amalinyero achikuda anasambira napulumuka, koma bishopu anamira pamodzi ndi mnzake Joseph Williams. Nkhani imene imakambidwa ndi yakuti mkanjo wake wa unsembe unamwa madzi numukokera pansi. Mtembo wake unapezeka, nuikidwa ku Nkhotakota, ndipo sitima imene inayamba kuyenda panyanja mu 1901 inatenga dzina lake.

Chachiwiri chimandikhudza koposa, pakuti mwini nkhani ndi Mchewa mnzathu. Leonard Kamungu wa ku Chia anaphunzira m'sukulu za mishoni yomweyi, nakhala wansembe mu 1909. Naye sanakwatire. Anavomera kusiya kwawo kukayamba ntchito ku Msoro, m'dziko limene lero ndi Zambia, ndipo kumeneko anafa mu 1913 ali mnyamata ndithu. Olemba mbiri amati kapena anadyetsedwa chiphe ndi wophika wake. Liwu lakuti kapena lija silinachoke kufikira lero. Ine sindikonda kulichotsa monga amachitira ena pofuna kuti nkhani ikome, chifukwa wophika uja nayenso anali mwana wa munthu, ndipo kumupachika mlandu popanda mboni ndiko kumanga Chipyela china.

Musaganize kuti kudzipatula pa chilumba kunabwera ndi Azungu. Abale athu a ku Salima akudziwa za Mbenje, m'dera la Mfumu Makanjira, kumene asodzi a utaka saloledwa kupita ndi akazi, mowa, chamba kapena juga, ndipo nyengo ya dzinja chilumba chimatsekedwa kuti nsomba ziswane. Malamulo amenewo mmonke wa ku Iona akanawazindikira msanga.

Ndibwerere ku Chipyela. Mayina a mabishopu analembedwa m'mabuku ndi pamiyala, koma a iwo amene anapsa pamalo paja sitimawamva akutchulidwa. Chaka chomwe kachisi anapatulidwa, 1911, Boma linaika lamulo loletsa kunena munthu kuti ndi mfiti, komabe tonse tamva za nkhalamba zogendedwa m'midzi masiku athu ano, ndipo mawu otere amamvekanso m'makwalala a Kawale ndi Biwi pakagwa maliro adzidzidzi. Ine ndinaona mayi wina wokalamba wa mpanda umodzi ndi ine akusamuka usiku chifukwa cha kunong'ona kotere, ndipo ndivomere pamaso panu kuti tsiku limenelo ndinakhala chete.

Chotero, Bambo Wapampando, pempho langa ku komiti ndi lakuti igule makope awiri ndi kusankha anyamata awiri odziwa kulemba bwino. Pakati pathu pali akuluakulu obadwira ku Likoma, ku Chizumulu ndi ku Nkhotakota. Anyamatawo akawachezere mvula isanayambe, ndipo pa nkhani iliyonse alembe ngati mkuluyo anaona yekha kapena anachita kumva, ndi dzina la amene anamuuza. Mtengo wa kope limodzi ndilipira ine.