Mlembi wa nyimbo amene adamtsekera zitseko popanda mlandu

Ndabwera ndi mbiri ya malemu Yip Harburg a ku America, amene ntchito yawo idali kulemba mawu a nyimbo za m'kanema ndi m'zisudzo.

A Harburg adabadwa m'chaka cha 1896 mumzinda wa New York, m'banja losauka la Ayuda ochokera ku Russia. Poyamba ankachita bizinesi ya zipangizo zamagetsi, koma chuma cha dzikolo chitagwa mu 1929 adatsala ndi ngongole zokhazokha. Mnzawo wa kusukulu, a Ira Gershwin, ndiwo adawalimbikitsa kuti ayambe kulemba nyimbo.

Mu 1932 adalemba "Brother, Can You Spare a Dime?", dandaulo la munthu amene adamanga njanji ndi kumenyera dziko lake nkhondo, kenaka n'kusanduka wopemphapempha. Mu 1939 adalemba nyimbo za m'kanema wa The Wizard of Oz, ndipo imodzi mwa izo, "Over the Rainbow", idapata mphotho ya Oscar. Mu 1947 sewero lawo la Finian's Rainbow lidanyogodola phungu watsankho pomusandutsa munthu wakuda kuti alawe yekha nkhanza za malamulo ake.

Tsono imvani zimene zidawaonekera. Mu 1950 kudatuluka kabuku kotchedwa Red Channels, komwe kadandandalika maina 151 a anthu oganiziridwa kuti amakondera chikomyunizimu. Dzina la a Harburg lidali momwemo, chikhalirecho iwo sadakhaleko membala wa chipani cha makomyunisiti. Sadawamange, ndipo palibe khoti lidawazenga mlandu. Eni makampani a kanema, wailesi ndi televizhoni adangoleka kuwaitana, poopa kuti nawonso angalozedwe chala. Zidakhala choncho zaka 12, mpaka 1962.

Chidawapulumutsa n'chiyani? Nyumba za zisudzo za ku Broadway. Kumeneko zisudzo zidali m'manja mwa anthu ambirimbiri osiyana maganizo, ndipo ndalama zinkachokera kwa ogula matikiti, choncho mantha sadagwire aliyense nthawi imodzi. N'chifukwa chake mu 1957, mkati mwa chiletsocho, sewero lawo la Jamaica lidaonetsedwa, a Lena Horne ali patsogolo. A Harburg adamwalira mu 1981.

Abale anga, zonsezi zidachitika m'dziko lokhala ndi zipani, zisankho ndi malamulo oteteza ufulu wolankhula. Inu amene mudathawapo kwanu chifukwa dzina lanu lidalembedwa penapake mukudziwa bwino kuti kuchotsa lamulo loipa sikuchotsa mantha m'mitima ya olemba anzawo ntchito. Mlembi amatetezeka pamene nyuzipepala, mawailesi ndi magulu a zisudzo ali ambiri, eni ake ali osiyana, kuti wina akamtsekera chitseko akagogode kwa wina. Tikamakamba za demokalase tiziwerenganso zitseko zimenezi, ndipo tizifunsa kuti makiyi ake akusunga ndani.